Walemba Fomu 4: zotsatira uzidikire bwanji, nanga zikafika uyambire pati?

Chaka chilichonse mayeso a Fomu 4 akangotha, foni yanga siipuma. Ena amandiimitsa pamsika wa Lizulu ndili pakati posankha kabichi, ena amandidikira panja pa tchalitchi, ena amatumiza uthenga usiku anthu atagona. Funso lake ndi lomwelo: "Aphunzitsi, zotsatira zituluka liti? Nanga zikatuluka ndiyambire pati?" Ndaphunzitsa pasekondale yoyendera kuno ku Ntcheu zaka zambiri, ndipo funsoli ndaliyankha mpaka mawu kusasa. Ndaona kuti ndi bwino ndilembe kamodzi, kuti wa ku Tsangano, wa ku Kasinje, wa ku Lobi ndi wa ku Mtakataka amve chimodzimodzi. Ndikulankhula ndi iwe amene walemba MSCE, koma inu makolo, amalume ndi azakhali, musapite kutali, muli mawu anu m'katimu.

Chimandiwawa ndi ichi. Ana ambiri amene ndawaona akutsala pakhomo, mayeso anakhoza. Anatsalira m'miyezi ya pakati pa kulemba ndi kusankhidwa, chifukwa cha kapepala kamene sanakawerenge bwino, tsiku lomaliza limene linawadutsa, kapena mantha ouza akunyumba zoona. M'miyezi imeneyi mwana amakhala alibe mphunzitsi, alibe belu, alibe womukumbutsa kanthu.

1. Tsiku lotuluka zotsatira usalifunse kwa anthu

Mayeso a MSCE amayendetsedwa ndi bungwe la MANEB, limene likulu lake lili ku Zomba. Ndi iwo, pamodzi ndi Unduna wa Zamaphunziro, amene amalengeza kuti zotsatira zatuluka. Ahedi sadziwiratu tsikulo. Ine sindidziwiratu. Ngakhale mphunzitsi amene anapita kokachonga amangodziwa mapepala amene anadutsa m'manja mwake, basi. Zaka zambiri mayeso amalembedwa tikunjenjemera ndi chisanu, zotsatira n'kudzatuluka kutatentha, anthu ali pakalikiliki wososa m'minda. Koma si lamulo. Mu Novembala 2020 mayeso anathetsedwa ali m'kati chifukwa mapepala anabedwa, ana n'kudzalembanso mu Januwale 2021, ndipo kalendala yonse inasuntha.

Tsono mauthenga a pa WhatsApp ndi Facebook onena kuti "mawa lomweli" uziwasiya apite. Tsiku lenileni likafika udzamva pa wailesi, pa MBC kapena Zodiak, ndipo mudzi wonse udzadziwa dzuwa lisanalowe.

Chenjezo lalikulu pano ndi la akamberembere. Nyengo imeneyi pamatuluka anthu oimba foni, kunena kuti amagwira ntchito kumene amachonga, aona dzina lako, Masamu sanayende bwino, koma utatumiza kangachepe pa Airtel Money kapena Mpamba akonza. Ndi bodza lokhalokha. Mayi wina wa kufupi ndi kwathu anagulitsa mbuzi yabere pa nkhani imeneyi. Ndalama itangolowa, nambala ija inazima, ndipo mwana wawo anali atakhoza kale bwinobwino popanda thandizo la munthu. Inu makolo, mukalandira foni yotere, dulani, kenako kawauzeni ahedi.

2. Podikira, konzeratu izi

Nambala yako ya mayeso ilembe malo awiri, umodzi ukhale m'buku losatayika monga Baibulo kapena buku la nyimbo. Chiphaso cha MANEB chimene unkalowera m'chipinda cha mayeso uchisunge m'pepala la pulasitiki, poti nyumba zathu zambiri zimadontha ndipo chiswe sichisankha pepala.

Pita kusukulu ukafunse ngati uli ndi balansi ya fizi kapena buku la ku laibulale limene sunabweze. Sukulu zambiri sizipereka kapepala ka zotsatira kwa mwana amene ali ndi ngongole. Ndi bwino kudziwa mu Ogasiti kuti pakufunika ndalama, kusiyana n'kudzamva tsiku limene anzako akulandira awo iwe utaima pakhonde.

Ngati ulibe chiphaso cha unzika, pita ku ofesi ya NRB ku boma ukalembetse tsopano, chifukwa chimatenga nthawi. Onetsetsa kuti dzina la pachiphasocho likufanana ndi limene unalembetsera mayeso. Kuno kwathu mwana mmodzi amatha kukhala ndi dzina la bambo ake, la agogo amene anamulera, ndi la mfunda, ndipo kusukulu analembetsa lina, ku chipatala lina. Zimenezi zimadzavuta pa fomu ya yunivesite ndi ya ngongole.

Khala ndi simu khadi yakoyako, yolembetsedwa m'dzina lako, ngakhale ulibe foni. Tsegula imelo ya dzina lako lenileni, osati dzina lachibwana lija anzako amakuitanira ku mpira, ndipo mawu achinsinsi olowera uwalembe m'buku lomwe lija. Pomaliza, yamba kuika padera kandalama. Kufotokopa, bandulo, thiransipoti yopita ku boma ndi malipiro a fomu, zonsezi zimadza nthawi imodzi.

3. Miyezi yodikira imadya ana

Izi sizilembedwa m'chilengezo chilichonse, koma ndiyenera kuzinena. Kuchokera tsiku limene waika cholembera pansi mpaka tsiku lolowa m'kalasi ya koleji, ukhoza kukhala pakhomo chaka chathunthu, mwinanso kuposa. Zotsatira zimatenga miyezi, fomu ya yunivesite imabwera pambuyo pake, mayina a osankhidwa pambuyo pakenso.

M'chaka chimenechi ndataya ana anzeru. Mtsikana amene ankatsogola m'kalasi, mayina akutuluka ali ndi pakati pa miyezi isanu ndi umodzi. Mnyamata amene anakwera basi pa chipata cha Dedza kupita ku Joni zotsatira zisanatuluke, poganiza kuti walephera, koma atapeza mapointi 17. Inkosi Kachindamoto ya ku Dedza inatchuka dziko lonse pothetsa maukwati a ana n'kuwabwezera kusukulu, koma iwe wa Fomu 4 anthu amakuona ngati wakula, ndipo ukalowa m'banja palibe adzabwera kudzakutulutsa.

Peza chogwira. Dimba la kachewere kapena nyemba, kuoda tomato, kuthandiza ana a Sitandade 8 madzulo, kuphunzira kompyuta ngati pali pophunzirira pafupi. Ndipo makope ako usagawe onse, usayatsire moto. Sunadziwe ngati sudzawafunanso.

4. Tsiku lafika: pita ukatenge silipi

Zotsatira zikalengezedwa, mayina amayamba kuzungulira m'mafoni. Ukaona lako, sangalala. Ukapanda kuliona, usathamangire kulira, chifukwa mindandanda yotumizirana imafika yoduka masamba, ina ya chaka chatha. Chimene chili ndi mawu omaliza ndi silipi, kapepala kochokera ku MANEB kosonyeza giredi ya phunziro lililonse. Satifiketi yeniyeni imabwera mochedwa, ndipo podikira silipiyo ndiyo imagwira ntchito.

Silipi imafikira kusukulu kapena ku senta imene unalembetsera. Wa open ndi wa external, pita kumene unalembetsa, osati kumene unkaphunzira pati taimu. Nthawi zina pamadutsa masiku angapo kuti mapepala afike kusukulu za kutali ndi msewu wa tala, choncho imbira kaye mphunzitsi usanawononge ya kabaza.

Upite wekha ndi chiphaso chako, usatume mnzako. Ukalandira, usatuluke pageti usanaone zinthu zinayi: kalembedwe ka dzina, nambala ya mayeso, ngati maphunziro onse amene unalemba alipo, ndiponso ngati palibe phunziro losonyeza kuti sunalembe pamene unalemba. Ukapeza cholakwika, bwerera mu ofesi nthawi yomweyo. Madandaulo opita ku MANEB amadzera kwa ahedi, ndipo amakhala ndi tsiku lomaliza. Chimodzimodzi ngati wauzidwa kuti zotsatira zako zagwidwa. Pempha ahedi akuuze chifukwa chake ndi njira yotsata, osangobwerera kunyumba n'kukhala chete.

Tsiku lomwelo kapena mawa lake, fotokopa silipiyo kangapo, uijambulenso pafoni n'kudzitumizira pa imelo. Yeniyeniyo isamayende m'thumba.

5. Phunzira kuwerenga silipi

Magiredi a MSCE amayambira pa 1 mpaka 9, ndipo nambala yaing'ono ndiyo yabwino. 1 ndi 2 ndi disitinkishoni. 3, 4, 5 ndi 6 ndi kirediti. 7 ndi 8 ndi pasi wamba. 9 ndiye kulephera. Mapointi amene anthu amafunsana aja amapezeka pophatikiza magiredi a maphunziro asanu ndi limodzi amene wakhoza bwino koposa. Ndiye chifukwa chake wopambana kwambiri amapeza mapointi 6.

Kuti munthu apatsidwe satifiketi ya MSCE, ayenera kukhoza maphunziro asanu ndi limodzi, limodzi mwa iwo likhale kirediti, kapena maphunziro asanu, atatu akhale makirediti, ndipo m'njira zonse ziwiri Chingerezi chikhalemo. Koma khomo la yunivesite ya boma ndi lopapatiza kuposa pamenepa: pamafunika makirediti asanu ndi limodzi, Chingerezi chili m'gulu lomwelo. Apa m'pamene ambiri amasokonezeka. Kumva kuti "wakhoza" sikutanthauza kuti ukhoza kulemba fomu ya yunivesite.

Taona ana awiri awa. Woyamba ali ndi Chichewa 1, Ulimi 2, Bible Knowledge 2, Geography 3, History 3, Biology 3. Kuphatikiza ndi 14. Koma Chingerezi ali ndi 7. Wachiwiri ali ndi Chingerezi 5, Masamu 4, Biology 4, Chemistry 4, Physics 4, Ulimi 3, kuphatikiza 24. Kumudzi adzayimbira nthungululu woyambayo. Koma woyambayo fomu yake siiyenda chifukwa cha 7 uja, pamene wachiwiri ali ndi makirediti onse ofunika ndipo makomo a sayansi ndi ulimi akhoza kugogodapo.

Choncho wina akakufunsa kuti wapeza mapointi angati, muyankhe. Koma iwe mwini, pamene uli wekha, funso lako likhale lakuti: Chingerezi ndili ndi chiyani, Masamu ndili ndi chiyani, makirediti ndili nawo angati?

6. Kukhala pansi ndi silipi, ndi kuuza akunyumba

Ili ndiye gawo limene alangizi ambiri amalidumpha, ndipo m'pamene ndikhalitsepo.

Tsiku lolandira usamange chiganizo chilichonse. Kaya wasangalala kaya wakhumudwa, mutu sukhala m'malo. Ndaona mwana akung'amba silipi kuseri kwa kalasi, ndaonanso wina akulonjeza anthu pamsika kuti akukakhala dokotala asanaone n'komwe giredi yake ya Chemistry. Gona kaye masiku awiri. Kenako tenga pepala ndi pensulo, upite kwa mphunzitsi amene umamukhulupirira, mukhale pansi muone kuti uli m'gulu liti mwa magulu anayi awa.

Gulu loyamba ndi la amene ali ndi makirediti asanu ndi limodzi, Chingerezi chilimo, mapointi otsika bwino. Ako ndi ntchito yosankha makosi mwanzeru, ndipo ndifikapo.

Gulu lachiwiri ndi la amene makirediti akwana koma mapointi ndi okwera, kuyandikira 30 kapena kupitirira. Malamulo akukulola kulemba fomu, ndipo ulembe ndithu. Koma ndikuuze mosabisa: oyenera kulowa amachuluka kuposa malo chaka chilichonse, ndipo makosi otchuka amadzaza ndi a mapointi otsika kwambiri. Lemba fomu ya yunivesite ndi dzanja limodzi, dzanja linalo likulemba ya koleji ya uphunzitsi, ya zaumoyo kapena ya ntchito zamanja. Kudikira chitseko chimodzi chaka chonse ndiko kumapweteka ana a gulu limeneli.

Gulu lachitatu ndi limene limandigonetsa mochedwa: amene aperewera pang'ono. Makirediti asanu, kapena mapointi okongola koma Chingerezi 7, kapena zonse zili bwino koma Masamu 8 pamene mtima uli pa kosi yofuna Masamu. Ana amenewa amamva kuwawa kuposa olephereratu, chifukwa akunyumba amva kuti wakhoza, nkhuku yaphedwa, ndipo mwana akusowa poyambira kunena kuti ulendo wa yunivesite palibe chaka chino. Ambiri amangokhala chete. Amalola makolo adikire mayina, mayina n'kutuluka lake palibe, apo n'kuti kalembera wa mayeso obwereza atatsekedwa kale. Chaka chapita chonchi.

Gulu lachinayi ndi la amene satifiketi sinatuluke. Iwe, mwana wanga, silipi yako ukatengebe. Pamenepo m'pamene tidzaonere chimene chinakugwetsa. Kawirikawiri si maphunziro onse, ndi limodzi kapena awiri.

Tsono kuuza akunyumba. Ndikudziwa chimene chimatseka pakhosi. Ukudziwa matumba a kachewere amene ananyamulidwa pamutu kupita kumsewu kuti fizi ipezeke. Ukudziwa kuti mlongo wako anasiyira Fomu 2 kuti iwe upitirire. Ukudziwa kuti amalume amatumiza ndalama kuchokera ku Lilongwe ndipo amafunsa mwezi uliwonse. Koma kubisa kumangokulitsa bala. Uchite chonchi. Sankha munthu mmodzi amene amamva msanga, kaya ndi amayi, agogo kapena azakhali, umuuze iye poyamba muli awiri. Usapite ndi nambala yokha, upite ndi njira. Kunena kuti "Amayi, ndalephera" n'kosiyana ndi kunena kuti "Amayi, maphunziro asanu ndakhoza bwino, chandigwetsa ndi Chingerezi. Aphunzitsi akuti ndikhoza kulembanso chaka chamawa, ndipo ndalama yake ndi yakuti." Kholo likamva kuti pali njira, mtima umatsika. Ngati ukuopa kuti mawu sadzatuluka, pempha mphunzitsi akuperekeze. Ine ndakhalapo pamphasa m'makomo ambiri pa nkhani imeneyi. Ndikukumbuka agogo ena amene anagwira silipi chadodolido, poti kuwerenga sankadziwa, n'kundifunsa kuti, "Aphunzitsi, ingondiuzani, mwanayu watha kapena sanathe?" Nditawauza kuti sanathe, watsala ndi phunziro limodzi, anapukuta m'maso ndi nsonga ya chitenje n'kunena kuti nyemba za chaka chino sagulitsa mpaka kalembera atatsegulidwa.

Inu makolo, mawu amene mudzalankhule m'mphindi zoyamba mwana sadzawaiwala moyo wake wonse. Musamuyerekeze ndi mwana wa aneba. Musamuwerengere ndalama zimene munawononga, akuzidziwa kale. Mukaona kuti wasiya kudya, akudzitsekera m'nyumba, akugawa zinthu zake, kapena akulankhula zoti kulibwino kulibe iye, musati n'zachibwana. Musamusiye yekha, ndipo mankhwala a mbewu ndi a m'dimba muwachotse pafupi. Pitani naye kuchipatala kapena kwa munthu amene amamukhulupirira. Ndipo iwe mwana, maganizo otere akakufikira, uza munthu usiku womwewo. Pali nambala yaulere ya 116 yothandiza ana ndi achinyamata. Mayesowa amalembedwa chaka chilichonse, ndipo m'makalasi athu muli aphunzitsi amene anawalemba kawiri.

7. Rimaki kapena kubwereza

Rimaki ndi kupempha MANEB kuti ichongenso pepala lako. Pempho limadzera kwa ahedi, limalipiridwa, ndipo nthawi yake ndi yochepa. Maganizo anga ndi akuti upemphe rimaki pokhapokha giredi ikusiyana kutali ndi mmene wakhala ukukhozera. Ngati mayeso a moko ndi a matemu onse unkapeza 2 kapena 3, lero wapeza 8, pamenepo pali chifukwa. Koma ngati unkazungulira pa 6 ndi 7, lero wapeza 7, ndalamayo isunge ya kalembera. Funsa mphunzitsi wa phunzirolo, akuuze zoona ngakhale zowawa.

Cholakwika chofala n'chakuti mwana amapempha rimaki n'kukhala manja lende kudikira yankho. Kalembera wa mayeso a chaka chotsatira sachedwa kutsegulidwa zotsatira zikatuluka, ndipo sadikira rimaki ya munthu. Ngati ndalama zikulola chimodzi chokha, ine ndimalangiza kalembera.

Pobwereza pali njira ziwiri: kubwerera m'kalasi, nthawi zambiri ku open, kumene amaphunzira masana ena ataweruka, kapena kulembetsa ngati external n'kumawerenga pawekha. Usanasankhe maphunziro obwereza, peza chilengezo cha chaka chapitacho cha NCHE, bungwe loyendetsa zosankha ana opita ku mayunivesite a boma, uone kuti chinalola kuphatikiza magiredi a maulendo angati, ndi a zaka ziti. Malamulo amenewo ndiwo akuuze ngati ulembe maphunziro ochepa kapena onse. Ndipo ngati chinakugwetsa ndi Chingerezi, kuloweza manotsi sikudzakuwolotsa. Uziwerenga nyuzi ndi mabuku tsiku lililonse, uzilemba chimangirizo sabata iliyonse, wina azikuchongera ndi cholembera chofiira.

8. Fomu ya yunivesite

Kusankha ana opita ku mayunivesite a boma kumayendetsedwa ndi bungwe la NCHE, ndipo fomu ndi imodzi ya onse asanu ndi imodzi: UNIMA ku Zomba, MUBAS ku Blantyre, KUHeS ya zaumoyo, LUANAR ya zaulimi ku Bunda, MZUNI ku Mzuzu, ndi MUST ku Thyolo. Achikulire akamanena za Chanco, Poly ndi College of Medicine, akunena mayina akale. Mu 2021 University of Malawi inagawidwa patatu, n'kubadwa UNIMA ya lero, MUBAS ndi KUHeS.

Palibe amene amasankhidwa osalemba fomu, ngakhale atapeza mapointi 6. Ndikubwereza chifukwa makolo ena amaganiza kuti zimayenda ngati kuchoka Sitandade 8 kupita Fomu 1, kumene dzina limangotuluka lokha.

Chilengezo chikatuluka, chiwerenge chonse, tsamba ndi tsamba, pensulo ili m'manja. Kosi iliyonse ili ndi maphunziro ake ofunika ndi magiredi ake. Ya uinjiniya imayang'ana Masamu ndi Physics, ya udokotala imayang'ana masayansi. Mwana wa mapointi 15 amene Physics ali ndi 7 akalemba uinjiniya pamwamba, wataya mzere umenewo pachabe. Choyamba dula makosi onse amene sukukwanira. Pa otsalawo, ika pamwamba imene ukuifuna ndi mtima wonse, koma usadzaze mizere yonse ndi makosi olimbirana. Pansi pakhale ina imene magiredi ako akupitirira bwino zimene akufuna. Usalembenso kosi imene sungapite utasankhidwa, kungofuna kudzaza mzere. Funsa amene ali kale ku yunivesite a kumudzi kwanu, akuuze zimene zimaphunziridwa m'kosi imene dzina lake lakukomera, poti chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere.

Ambiri a inu mudzalembera pa kafe ya intaneti ku boma la Dedza kapena la Ntcheu, kapena pafoni ya wina. Khala pambali pa wokuthandizayo mpaka kumapeto. Mwana wina wa m'kalasi mwanga anasiya mapepala pa kafe n'kupita kukagula chipisi. Wa pakafeyo, pofuna kuthamangitsa mzere, anaika nambala ya foni yake ndi imelo yake, makosi n'kumusankhira yekha. Tinadzazindikira zitatha. Nambala ikhale yako, imelo yako, ndipo usanatumize werenga chilichonse mokweza. Malipiro a fomu upereke m'njira yokhayo imene yalembedwa m'chilengezo, osati ku nambala ya munthu, ndipo lisiti uisunge pamodzi ndi silipi. Usadikire sabata yomaliza. Magetsi amazima, netiweki imagwa, ndipo m'masiku omaliza dziko lonse limakhala likukankhana pakhomo limodzi.

9. Makomo ena, ndi kudikira kwachiwiri

Fomu ya NCHE ikapita, makutu akhale ku zilengezo zina, pakuti makoleji ambiri amaitana paokha. Kuno kwathu tili ndi koleji ya St Joseph's ku Bembeke, yophunzitsa atsikana uphunzitsi wa pulayimale, ndi koleji ya zankhalango ndi zanyama zakutchire ku Dedza. Uphunzitsi wa sekondale uli ku Domasi ndi ku Nalikule. Zaumoyo zili ku Malawi College of Health Sciences ndi m'makoleji a mipingo a pansi pa CHAM, monga ya anamwino ku Nkhoma. Ntchito zamanja, monga zamagetsi, zomangamanga, ukalipentala ndi umakaniko, zimadzera ku TEVETA, m'makoleji ngati Namitete, Salima ndi Lilongwe Technical. Zimenezi usazione ngati zotolera. Ndili ndi ana amene anadzera kumeneko ndipo lero akulipirira abale awo fizi.

Ukafuna koleji kapena yunivesite yoti si ya boma, usanapereke ngakhale tambala, fufuza ngati sukuluyo ndi kosiyo n'zovomerezeka ndi NCHE. Za unamwino ufunsenso ngati bungwe la anamwino ndi azamba limazizindikira. Chikwangwani chachikulu pamsewu si umboni.

Mayina a osankhidwa akatuluka n'kupezeka lako, ona bwino yunivesite ndi kosi, kenako tsata malangizo a yunivesiteyo okhudza kalata yokuitana ndi tsiku lotsegulira. Kusankhidwa sikuchotsa fizi, ndipo chakudya ndi malo ogona ambiri amadzipezera okha. Ngongole ya ophunzira imaperekedwa ndi bungwe la HESLGB, ndipo ili ndi fomu yakeyake ndi tsiku lake lomaliza, siibwera yokha chifukwa wasankhidwa. Fomu imeneyi imafuna umboni wa mmene zinthu zilili pakhomo panu, choncho ngati makolo anamwalira, mapepala otsimikiza zimenezo uyambe kuwafunafuna tsopano, kwa amfumu, kuchipatala kapena ku ofesi ya DC. Anthu osaina ndi kudinda sapezeka tsiku limodzi, ndipo wochokera ku Golomoti kapena ku Kasinje, kukwera phiri kupita ku boma n'kupeza ofesi yotseka, ndiye kuti thiransipoti ya ulendo wachiwiri ikhale ilipo kale m'thumba.